Mmisiri wa Kuŵala Kopanda Dzuŵa: Za Ntchito ya Giorgos Arvanitis

Kanema akatha, magetsi n'kuyaka, anthu amadzuka msangamsanga maina akali kukwera pa nsalu. Maina amene amapita nao kunyumba ndi limodzi kapena aŵiri: la woseŵera amene adaŵaliza kapena kuŵaseketsa, ndipo kwa ophunzirako, la wotsogolera. Dzina la munthu amene adaima kumbuyo kwa kamera, amene adalamula kuti kuŵala kuchokere uku osati uko, kuti nkhope iyi ioneke koma iyo imire mumdima, limatsala m'nyumba yopanda anthu. Komatu palibe chimene tidaona pa nsalupo chimene sichidayambe chadzera m'diso la munthu ameneyo. Wotsogolera amalota, wojambula ndiye amadziŵa ngati malotowo angagwirike pa filimu ndi dzuŵa la lero, mitambo ili m'mene iliri.

Tifuna tsono kukamba za mmodzi mwa amisiri otere, Mgiriki wotchedwa Giorgos Arvanitis, amene kwa zaka 30, kuyambira 1968 mpaka 1998, adali diso la Theo Angelopoulos, ndipo adabwereketsanso diso lomwelo kwa otsogolera ena a ku Ulaya. Sitikulemba mbiri ya moyo wake ai. Chimene chatigwira mtima ndi funso limene ntchito yake imatifunsa kosalekeza: kodi munthu angaonetse bwanji masautso a mnzake osamchita chipongwe wosaukayo? Nanga chithunzi cha masautsocho chikatuluka chokongola, kukongolako n'kulemekeza kodi, kapena n'kuba?

Arvanitis adabadwa m'chaka cha 1941 m'mudzi wa Dilofo, m'dera lamapiri la Phthiotis, pakatikati pa dziko la Greece. Ndicho chaka chimene ankhondo a Hitler adaloŵa m'dzikomo. M'mapiri a dera lomwelo mudali misasa ya ankhondo am'tchire, amene mu Novembala 1942, pothandizana ndi Angerezi, adaphulitsa mlatho wa njanji wa Gorgopotamos. Ndipo adani atachoka, Agiriki adatembenukirana okhaokha pa nkhondo yapachiŵeniŵeni ya 1946 mpaka 1949. Mwana wa kumeneko adakwanitsa zaka 8 asadalaŵe mtendere weniweni. Atakula adaphunzira ntchito yamagetsi, yoyala nthambo m'nyumba zomangidwa kumene, ndipo m'zakanema adayambira pansi penipeni, pa ntchito ya wothandiza: kunyamula zitsulo, kuyeza mtunda wa pakati pa kamera ndi nkhope ya woseŵera, kuika filimu m'bokosi lake mumdima. Adakwera pang'onopang'ono mpaka adasanduka mkulu wojambula asadafike zaka 30.

Mphala imene idamsula ndi kampani ya Finos Film ya ku Athens, ndipo n'koyenera kuti tiime pang'ono pa mwini wake. Filopimin Finos, wobadwa mu 1908, adaphunzira zamalamulo, koma mtima wake udali pa makina. Pa nkhondo ya 1940 yolimbana ndi Italy adanyamula kamera napita ku mapiri a Albania kukajambula ankhondo. Kanema woyamba wa kampani yake adatuluka mu 1943, dziko lili m'manja mwa adani, ndipo chaka chotsatira Ajeremani adapha bambo wake. Kuyambira pamenepo mpaka imfa yake mu 1977 adatulutsa makanema opitirira 180: anthabwala, a nyimbo ndi magule, a chikondi chokhetsa misozi, ena otchuka mwa iwo ali ndi Aliki Vougiouklaki, mkazi amene Agiriki ankamkonda koposa oseŵera onse. Ankadziŵika kuti makina akaonongeka ankaŵamasula yekha ndi manja ake. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1960, dziko la anthu osakwana 9 miliyoni linkatulutsa makanema oposa 100 pa chaka. Wailesi yakanema italoŵa m'nyumba za anthu, msika wonsewo udagwa m'zaka zoŵerengeka.

Anthu ophunzira amakonda kunyoza makanema a Finos, ndipo chifukwa chake chilipo. Kuŵala kwa m'makanema amalonda otere kuli ndi lamulo limodzi: zonse zioneke, nkhope ya mkazi wotchuka isakhale ndi khwinya, ngakhale nyumba ya mmphaŵi iŵale ngati sitolo. Ndi kuŵala kogulitsa malonda. Komabe ife sitigwirizana nao onyozawo kotheratu. Pamalo pamene filimu inkaŵerengedwa ngati ndalama, ndipo kanema ankayenera kutha m'masabata oŵerengeka, mnyamata ankaphunzira kuyeza kuŵala osaphonya. Arvanitis adatha kuzimitsa nyale mwanzeru pambuyo pake chifukwa adaayamba waphunzira kuziyatsa zonse.

Angelopoulos adali munthu wa mtundu wina. Wobadwa mu 1935 ku Athens, adakaphunzira zakanema ku Paris, nabwerera kwao kukalemba za makanema m'nyuzipepala ya anthu a maganizo a sosholizimu, imene akuluakulu a ankhondo adaitseka atalanda boma mu 1967. Aŵiriŵa adayamba ndi kanema wamfupi, Ekpombi, mu 1968. Mu 1970 adatulutsa Anaparastasi, dzina lotanthauza kubwereza chinthu monga chidachitikira. Nkhani yake ndi ya mtchona. Dziko la Greece litapangana ndi West Germany mu 1960 za kutumiza antchito, midzi ya kumpoto idatsala ndi nkhalamba, akazi ndi ana. Mwamuna wina abwerako ku Germany. Mkazi wake, Eleni, pamodzi ndi chibwenzi chake, mlonda wa minda, amupha namkwirira pafupi ndi nyumba. Apolisi ndi woweruza aŵakakamiza aŵiriwo kubwereza m'mene adaphera, kuti adziŵe amene adakoka chingwe. Atolankhani nawonso afika ndi mafunso ao, mmodzi mwa iwo ali Angelopoulos mwini wake. Aliyense akubwereza, koma choona chenicheni sichigwirika.

Adajambula ku Vitsa, m'mapiri a Epirus, ndi filimu yosakhala yamitundu, ndalama zili zochepa. Basi itima m'matope. Nyumba ndi zamiyala, madenga ndi amiyala, thambo nalonso looneka ngati mwala. Arvanitis sadayese kukometsa kanthu. Adalola mvula kuti idetse makoma, ndipo zovala zakuda za akazi zimaoneka ngati maenje obooledwa m'chithunzi. Munthu akaona mudziwo amamva, popanda womuuza, kuti mlandu sudayambe ndi chingwe chija: mudzi udayamba kufa kale, mwamuna uja asadafe.

Pothera pake kanemayu amabwerera ku tsiku la imfa. Tsono apa woonera amati: tiona tsopano. Koma kamera yaima pabwalo, yayang'ana chitseko, ndipo sisuntha. Mwamuna aloŵa. Chitseko chitsekeka. Ife titsala kunja, monga adatsalira woweruza. Oŵerenga athu amene adaphunzira maseŵero a Agiriki akale azindikira msanga gwero la mchitidwe umenewu. M'seŵero la Aeschylus la chaka cha 458 Khristu asadabadwe, mfumu Agamemnon, nayenso wobwerera kwao patapita zaka zambiri, aphedwa ndi mkazi wake m'kati mwa nyumba, anthu akumva mfuu chabe. Agiriki akale sankaonetsa kupha pabwalo la seŵero. Sikuti adali amantha, pakuti nkhondo ankaidziŵa ndi matupi ao. Ankadziŵa kuti maso akakhuta magazi, nzeru imaleka kufunsa chifukwa chimene magaziwo adakhetsedwera.

Tinene za dzuŵa. Dziko la Greece limene alendo amalidziŵa ndi la nyanja yobiriŵira, makoma oyera ndi thambo lopanda mtambo. Ndilo limagulitsidwa pa zithunzi za alendo, ndipo makanema monga Never on Sunday wa 1960 ndi Zorba the Greek wa 1964 adafalitsa mbiri ya Mgiriki wovina, wosadera nkhaŵa zamaŵa. Angelopoulos ndi Arvanitis adalifulatira dziko limenelo. Ankajambula m'nyengo yachisanu, kumpoto, ku Epirus ndi ku Macedonia, ndipo dzuŵa likatuluka ankaimitsa ntchito kudikira mitambo. Wina asaganize kuti Arvanitis dzuŵa linkamkanika. M'chaka cha 1977 adajambulira Michael Cacoyannis kanema wa Iphigenia, m'mene ankhondo ali mbwee pa mchenga wa ku Aulis, mphepo yakana kuomba, ndipo dzuŵa lomwe likuoneka ngati likuitanitsa magazi a mtsikanayo. Kukana dzuŵa kudali kusankha. Ndipo kusankhako kudali ndi mtengo wake kwa mmisiri, pakuti pansi pa mitambo zinthu zonse zimafuna kufanana. Kulibe mthunzi woti ulekanitse munthu ndi khoma. Luso la Arvanitis lili pa kupeza, m'kati mwa kutuwa kumodzi, mitundu yambiri ya kutuwa: kwa khoma lonyowa, kwa jasi lakale, kwa nyanja ya ku Thessaloniki m'maŵa. Motero kanthu kamodzi kamtundu woŵala, ambulera kapena chovala chachikasu cha pa mvula, kamamveka ngati belu m'mudzi wachete.

Ntchito yao yaikulu, m'kuona kwathu, ndi O Thiasos wa 1975, amene Angerezi amamtchula The Travelling Players. Gulu la azisudzo likuyenda m'matauni aang'ono kuyambira 1939 mpaka 1952, kuyesa kuonetsa seŵero limodzi lachikale la mbusa wamkazi Golfo, ndipo nthaŵi zonse mbiri ya dziko imaŵadula pakamwa: ulamuliro wankhanza wa Metaxas, nkhondo, njala, Ajeremani, Angerezi, nkhondo yapachiŵeniŵeni. Azisudzowo akubwereza, osadziŵa, tsoka la banja la Agamemnon. Kujambula kudayamba ankhondo aja akali kulamula, ndipo kudatha ulamuliro wao utagwa mu 1974. Kanemayu ndi wa mphindi 230, koma ali ndi ndime pafupifupi 80 zokha. Tikati ndime tikunena chimene kamera ijambula kuchokera pamene yayatsidwa mpaka pamene yazimitsidwa. Ndiye kuti ndime iliyonse, tikagaŵa mofanana, ikuyandikira mphindi 3, pamene kanema wamba amadulidwa pa kamphindi kalikonse ndipo amakhala ndi ndime mazanamazana.

Taganizani chimene zimenezi zitanthauza kwa wogwira kamera. Wojambula wa ndime zazifupi amakonza kuŵala kwa ngodya imodzi, ajambula, azimitsa, asuntha nyale. Koma kamera ikamayenda pa njanji zake kutsika mseu wonse, n'kuzungulira bwalo mpaka kubwerera pamene idayambira, nyale uziika kuti posaoneka? Mtunda wa oseŵera ukusintha, tsono wothandiza ayenera kupotoza galasi kosalekeza kuti chithunzi chisachite chimbuuzi. Mtambo ukang'ambika pa mphindi yachisanu, kapena mmodzi mwa anthu 100 akaphonya phazi, zonse ziyambirenso. Bokosi lalikulu la filimu ya masiku amenewo linkatha pa mphindi 11 zokha. Kuona maso a nkhono n'kudekha, adatero akale, koma kudekha kwa apa n'kwa munthu amene akutuluka thukuta.

Nanga phindu lake n'chiyani? Tione ndime imodzi. Ndi m'bandakucha wa chaka chatsopano cha 1946. Amuna a mbali ya mfumu, atapirikitsa anyamata ndi atsikana a mbali inayo m'nyumba yovinira, atuluka mu mseu ali dzandidzandi, akuimba. Kamera ikuyenda nao. Pang'ono ndi pang'ono mapazi ao ayamba kugwirizana, misana iwongoka, kudzandira kusanduka kuguba. Pofika kumapeto kwa mseu womwewo aloŵa m'chinamtindi cha anthu pa msonkhano wa chisankho cha 1952, wokopera anthu Marshal Papagos. Zaka pafupifupi 7 zapita, kamera sidaphethire. Buku la mbiri likadafuna mutu wathunthu kuti lifotokoze m'mene zigaŵenga za m'makwalala zidasandukira mizati ya boma. Apa tachiona ndi maso, m'kuyenda kwa miyendo.

André Bazin, Mfalansa woweruza makanema amene adamwalira mu 1958, ankaphunzitsa kuti kudula ndi kulumikiza, monga ankachitira Sergei Eisenstein, kumamtsogolera woonera ngati mbuzi ya pa chingwe, pamene ndime yaitali imamsiyira ufulu woyang'ana kumene afuna, ndipo imalemekeza zinthu monga ziliri. Ambiri amamuika Angelopoulos m'khola la Bazin. Ife tiona kuti akuloŵamo ndi mwendo umodzi wokha. Ufulu wa diso ulipodi; koma mseu umene uyamba mu 1946 n'kuthera mu 1952 si mseu wa zinthu monga ziliri. Ndi mseu wa chikumbukiro. Amene adaufotokoza bwino ndi Augustine Woyera m'buku la 11 la Confessiones, pamene aona kuti zakale kulibe kwina kumene zikukhala kupatula mumtima umene ukuzikumbukira tsopano lino. Nthaŵi yotere ilibe msoko. Tsono kuti diso likhulupirire, kuŵala kuyenera kukhala kumodzi kuchokera ku chiyambi cha mseu mpaka ku mathero ake. Dzuŵa limanena ola, mthunzi umanena mbali ya tsiku. Thambo lotuwa la Arvanitis silinena ola lililonse, n'chifukwa chake zaka ziŵiri zotalikirana zingathe kukhala pansi pake pamodzi. Apa nzeru ya wotsogolera ndi luso la wojambula zalukana kotero kuti sitingathe kuzimasula.

Ena adayerekeza kuŵala kumeneku ndi kwa zithunzi zoyera za Mpingo wa Orthodox, ndipo kuyerekezako si kopanda pake. M'zithunzi zimenezo mulibe nyale imodzi yoponya mthunzi; kuŵala kuli ponseponse. Angelopoulos adatapadi m'chuma cha Byzantium, makamaka mu O Megalexandros wa 1980. Koma tisathamange kubatiza chimene sichidapemphe ubatizo. Chithunzi choyera chili ndi golide kumbuyo, ndipo nkhope imakuyang'ana maso ndi maso. Kwa Arvanitis kumbuyo kuli nkhungu, anthu ali patali, aang'onoang'ono, kaŵirikaŵiri atatifulatira. Chimango n'chomwecho, koma amene adali pakati pake wachokapo. Ndi zithunzi za anthu amene adaika chikhulupiriro chao chonse pa kusintha kwa ndale, nagonja mu 1949, ndipo akali chiimire pamalo pamene lonjezo lidaŵasiya. Nkhalamba ya mu Taxidi sta Kythira wa 1984, yobwerako ku Soviet Union patapita zaka 32, ithera pa chiphaka pakati pa nyanja pamodzi ndi mkazi wake, popeza palibe dziko lofuna kuilandira.

Funso lathu lija lifika pachimake mu Topio stin omichli wa 1988, ndiko kunena dziko la m'nkhungu. Ana aŵiri, Voula ndi mlongo wake wamng'ono Alexandros, athaŵa kwao kukafuna bambo amene mai ao adaŵanamiza kuti ali ku Germany. Pa njira woyendetsa lole aŵatenga. Aimitsa lole pambali pa mseu, amkokera mtsikanayo kumbuyo, pansi pa chinsalu chophimba katundu. Kamera itsala kunja. Magalimoto akudutsa. Palibe mfuu, palibe nyimbo. Nthaŵi ikutalika mpaka woonera asoŵa pokhala. Mwamunayo atuluka, kenaka kamera isendera pang'onopang'ono, ngati munthu wochita manyazi, ndipo tiona mwanayo atakhala, akuyang'ana magazi pa dzanja lake.

Pali amene amati kubisa kotere n'kuthaŵa, kuti choipa chiyenera kuonetsedwa poyera kuti anthu anyansidwe nacho. Sitivomereza. Kamera ikadaloŵa pansi pa chinsalucho, ikadaima pamalo a yani? Malo oonera bwino m'menemo ndi a wochimwayo basi. Diso lathu likadagaŵana naye chimene iye adaba. Potisiya kunja, Arvanitis ndi Angelopoulos atiika pamalo athu enieni, pamodzi ndi oyendetsa magalimoto odutsa aja, amene sadziŵa kapena safuna kudziŵa. Chitseko cha mu 1970 chabweranso, koma tsopano sichikutiuza chabe kuti choona n'chovuta kuchipeza, chikutizenga mlandu. Ndipo popeza kanemayu sadatinamize pamenepa, timamkhulupirira pothera pake, pamene anawo aoloka mtsinje wa m'malire usiku, mfuti ilira, kenaka nkhungu iyera pang'onopang'ono, mtengo umodzi uonekera, iwo nathamanga kukaukumbatira. Kamnyamatako kakubwereza nthano imene mlongo wake ankakasimbira pogona, ya mdima wa pachiyambi ndi kubwera kwa kuŵala. Kaya ali moyo kaya adafa, chithunzi sichinena. Kanemayu adalandira Mkango Wasiliva ku Venice chaka chomwecho.

Tingodutsa msanga pa zimene zidachitika ku Florina kumapeto kwa 1990, pamene ankajambula To meteoro vima tou pelargou, nkhani ya othaŵa kwao ounjikana m'tauni ya m'malire. Episkopi wa Orthodox wa kumeneko, Augoustinos Kantiotis, ataona zolembedwa za kanemayo, adati n'zonyoza dziko ndi chipembedzo. Adamchotsa Angelopoulos mu Mpingo, ndipo mabelu ndi zokuzira mau zidasokosa kuti ntchito isayende. Adaweruza asadaone chithunzi n'chimodzi chomwe. Chodabwitsa n'chakuti m'kanema ameneyu muli ukwati umene sitidziŵa unzake woposa pa ulemu: mkwati tsidya lino la mtsinje, mkwati mnzake tsidya linalo, abale ali duu kuopa alonda a malire, wansembe wofika pa njinga akudalitsa anthu aŵiri amene sangathe kugwirana dzanja.

Komabe sitingamalize ndi matamando okhaokha. Mu To vlemma tou Odyssea wa 1995, Harvey Keitel akuseŵera ngati wopanga makanema amene akuyendayenda m'maiko a Balkan kufunafuna mipukutu 3 ya filimu yosatsukidwa ya abale aŵiri a Manaki, amene adayamba kujambula m'maikowo kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1900. Ulendo uthera ku Sarajevo wozingidwa ndi nkhondo, ngakhale kuti zithunzizo adazijambulira m'mabwinja a Mostar ndi Vukovar. Tsiku la nkhungu ndilo tsiku la chikondwerero mumzindawo, popeza oombera obisala saona. Anthu atuluka, achinyamata akuimba. M'nkhungu momwemo banja la Ivo Levy, wosunga makanema akale, likumana ndi ankhondo. Nsalu yonse yayera mbee. Timva mau, timva mfuti, timva zinthu zikuponyedwa m'madzi. Apa nkhungu ili ndi chifukwa, pakuti ndiyo idaŵatulutsa m'nyumba, ndiyonso ikubisa akupha ao. Imene idali chitetezo yasanduka nsalu ya maliro. Ndimeyi tiivomereza ndi mtima wonse.

Koma m'kanema yemweyo muli chifanizo chachikulu cha Lenin, chodulidwa zidutswa, chikuyenda pa bwato mu mtsinje wa Danube, anthu m'mbali akugwada ndi kudzilemba chizindikiro cha mtanda. Ndipo mu Mia aioniotita kai mia mera wa 1998, amene adalandira Palme d'Or ku Cannes, muli mpanda wa waya wa m'malire a Albania, anthu atakangamira pamenepo m'nkhungu, osasuntha, ngati zovala zoyanikidwa. N'zokongola zedi, ndipo kukongolako n'kumene kukutidetsa nkhaŵa. Anthu a pa mpandawo alibe maina, alibe nkhope. Aikidwa pamenepo monga mmisiri aikira mikanda pa ulusi. M'zaka zomwezo Aalubaniya enieni ankaoloka mapiri amenewo pa chisanu, ena n'kufera m'njira. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Nkhungu imene mu 1988 inkabisa kuti ilemekeze, pofika 1998 nthaŵi zina ikubisa kuti ikometse, ndipo woonera amatuluka akuyamikira chithunzi m'malo momva chisoni ndi munthu. Mlandu waukulu ndi wa wotsogolera, inde. Koma dzanja limene lidayeza kutuwako mpaka kufika pokoma chotere silingasambe kotheratu.

Pamene ankajambula makanema otsirizaŵa, mothandizana ndi Andreas Sinanos, Arvanitis adali atasamukira kale ku France. Kumeneko ntchito idamchulukira. Mu 1989 adalandira mphotho ya kujambula ku Venice chifukwa cha Australia wa Jean-Jacques Andrien. Adagwira ntchito ndi Volker Schlöndorff pa Homo Faber mu 1991, ndi abale a Dardenne mu 1992, ndi Agnieszka Holland pa Total Eclipse mu 1995, ndi Frederick Wiseman pa La Dernière Lettre mu 2002. Koma chimene chimaŵazunguza mutu okonda Angelopoulos ndi chakuti mmisiri wa chitseko chotseka uja ndiye adajambulanso makanema a Catherine Breillat, mkazi amene cholinga chake chonse n'kutsekula zitseko: Romance mu 1999, À ma sœur! mu 2001, Anatomie de l'enfer mu 2004, Une vieille maîtresse mu 2007. Mwa ameneŵa muli ena oonetsa zakuchipinda mosabisa konse.

Kodi tinene kuti mmisiri ali ngati nkhwangwa, imene idula mtengo uliwonse umene mwini wake aloza? Aristotle, m'buku la 6 la Ethica Nicomachea, adalekanitsa luso la kupanga zinthu ndi nzeru ya kuchita bwino, ndipo Thomas Aquinas Woyera adamtsata: ubwino wa luso uli m'chinthu chopangidwacho, ubwino wa nzeru uli mwa munthu wochitayo. Kulekanitsaku n'koona, ndipo kumatiteteza ku chizoloŵezi choyesa kanema ndi muyeso wa ulaliki. Koma aphunzitsi omwewo sadanene kuti mmisiri amaleka kukhala munthu akagwira chida. Ndiponso pa kujambula, malire aŵiriŵa amayandikana koposa pa ntchito zina, chifukwa chopangidwacho ndi kayang'anidwe, ndipo kuyang'ana munthu ndi kumchitira kanthu.

Tsono tiyese makanemawo mmodzimmodzi. Za Romance ndi Anatomie de l'enfer, ife tiona kuti Breillat adafuna kutsutsa diso lachilakolako poligwiritsa ntchito, ndipo sitikhulupirira kuti adapambana. Kuŵala kwaulemu kwa Arvanitis kwangoveka jasi labwino maganizo ouma. Koma À ma sœur! ndi nkhani ina. Muli ndime yaitali usiku, m'chipinda cha atsikana aŵiri apachibale. Mnyamata wophunzira akunyengerera wamkulu, wa zaka 15, ndi mau okoma ndi malonjezo abodza, kufikira mtsikanayo agonja. Wamng'ono, Anaïs, wonenepa, wosayang'anidwa ndi aliyense, wagona pa bedi lina m'chipinda chomwecho. Pa nthaŵi yoŵaŵitsa, kamera iŵasiya aŵiriwo kumbuyo, osaoneka bwino, niikhazikika pa nkhope ya Anaïs, amene wafulatira, akulira mwakachetechete. Kuŵala n'kochepa, kongokwanira kuti misozi ioneke. Amene adaima kunja kwa lole mu 1988 tamzindikira: akufunabe malo oimapo amene si a wolakwayo.

Pali njira ina yoyesera chimene chidali cha Arvanitis ndi chimene chidali cha mnzake. Atasiyana, Angelopoulos adapanga makanema ena aŵiri ndi Sinanos, To livadi pou dakryzei mu 2004 ndi I skoni tou chronou mu 2008, asadagundidwe ndi njinga yamoto pafupi ndi Piraeus pa 24 Januwale 2012, ali pa ntchito yojambula wachitatu. M'kanema wa 2004 thambo lotuwa lilipo, ndime zazitali zilipo, mudzi womira m'madzi ndi mabwato a maliro a mbendera zakuda zilipo. Zimenezo tsono zidali za wotsogolera, ndipo zidatsala naye. Chimene Arvanitis adapita nacho ku France n'chaching'ono poyerekeza, chovutanso kuchitchula: kudziŵa m'mene khungu la munthu limalandirira kuŵala kochepa, kwa pa zenera kapena kwa nyale imodzi, ndi kulimba mtima kosaonjezapo nyale ina. Tidachiona pa nkhope ya Eleni m'khitchini yamiyala ya ku Vitsa, pa nkhope ya Marcello Mastroianni mu O Melissokomos wa 1986, ndipo patapita zaka 31 kuchokera ku Vitsa tidachionanso pa tsaya lonyowa la Anaïs.